Tipa Yofiira ndi Mchenga wa Manda a Shadreck

"Ine nafika ku Debeni, nafika ku Dalesalamu, pa Chirundu nagonapo mpaka udzudzu unayamba kunipatsa moni," anatero Chindikani Sakala, akumenya chitseko cha tipa yake ndi chikhatho. "Koma mverani ichi. Mu Kafue monse muno mulibe galimoto imene inalowa mu yadi ya Hamusonde n'kutulukamo na matayala ake onse, batire yake, sitata yake, olo kagalasi koonera kumbuyo. Ni iyi chabe. Iyi!"

Madalaivala anzake anali atakhala pa mulu wa mabuloko pafupi ndi msika, podikira anthu ofuna mchenga. Akale anangoseka, poti nkhaniyi ankaidziwa. Koma Moses, amene anali atangosamukira kumene kuchokera ku Kabwe, anafunsa.

"Alonda munawadyetsa zingati, bakamba?"

"Ine kudyetsa mlonda? Olo ngwee imodzi!"

Chindikani anali munthu wa pakamwa, zimenezo panalibe wotsutsa. Mitunda imene anayenda inkatalika nthawi iliyonse akaifotokoza. Koma pa nkhani ya yadi ya Hamusonde sankawonjezera kanthu, ndipo akafika pakati pake mawu ankatsika okha.

Zinayamba m'zaka zimene mafakitale a ku Kafue ankachotsa anthu ntchito ngati akusesa pabwalo. Chindikani anali atayendetsa malole a fakitale ya feteleza kuyambira ali mnyamata. Ndalama zomalizira zitatuluka, anzake anagula mafiriji, masuti ndi mawailesi aakulu. Iye anasokerera zake m'lamba, nakwera basi, ndipo anabwerako ku Debeni akuyendetsa yekha tipa yofiira, yakale ndithu koma yamphamvu ngati njati. Pamphumi pake analembetsa ndi penti yachikasu kuti MFUMU YA MCHENGA.

Nthawi yake inali yabwino. Anthu ankagula nyumba zimene kale ankachita lendi, ndipo aliyense ankafuna kuwonjezerapo chipinda kapena kakantemba kogulitsiramo sopo ndi shuga. Chindikani anatenga chilolezo chokumba mchenga ku dzenje lovomerezeka, kutali ndithu ndi tawuni. Ena analibe nazo ntchito zilolezo. Ankangokumba m'mbali mwa mtsinje mpaka magombe anayamba kugumuka, ndipo a boma anayamba kugwira magalimoto. Galimoto ikapezeka ikuchita malonda a mchenga wa kumtsinje, khoti linkatha kuilanda mpaka kalekale.

Koma ambiri ankaopa kwambiri yadi kuposa khotilo. Munthu wina wamalonda, Goodwell Hamusonde, anali ndi malo otchingidwa ndi malata kuseri kwa mafakitale, ndipo ndiye anapatsidwa ntchito yosunga magalimoto ogwidwa. Mlandu ukamachedwa, galimoto inkaonda. Lero batire, mawa nyali, mkuja matayala. Alonda ankati sanaone kanthu. Mwini akapambana mlandu ankapeza chigoba chitakhala pa miyala, nkhuku zikuikira mazira pa mpando wa dalaivala.

"Izo ni za anthu osayenda," ankatero Chindikani. "Ine nili na mapepala."

Mvula ili pakati, ku Nangongwe, dera limene Chindikani ankakhala, kunagwa maliro. Womwalirayo anali Shadreck Tembo, wa ntchito ya njanji, wakwawo kwa Chindikani ku Katete. Tsono anthu ochokera kum'mawa, monga ku Katete, ndi Abemba ali pa chimbuya, ndipo amaitanana kuti mbuya. Amanyozana poyera popanda wokwiya, ndipo maliro akagwa kwa ena, enawo ndiwo amagwira ntchito yonse: kukumba manda, kuphika, kunyamula bokosi. Amathira ufa anamfedwa kumutu, amawalanda nsapato, ndipo chilichonse chimene angachifune tsiku limenelo amangotenga. Wokana amatsala ndi manyazi a moyo wake wonse.

Chindikani anafika pamaliropo m'mawa atavala jekete lachikopa la ku Debeni, makiyi akulira ku chala. Pa tenti sanafikepo n'komwe. Mzimayi wina wamtali, chitenje atamanga ngati wopita kunkhondo, anamutsekera njira. Anali Molly Chanda, wogulitsa salaula, zovala za kaunjika, pamsika, Mbemba wa ku Kasama, amene mawu ake ankamveka mpaka kutsidya kwa njanji.

"Wafika wodya mbewa wolemera uja!" anafuula Molly, ndipo ufa wodzaza manja awiri unatera kumutu kwake ndi pa jekete lija.

"Ba Molly, jekete iyi inakwera sitima ya pamadzi! Kwanu ku Kasama anyani amene mumadya aja avala zotere?"

"Khala chete, kapolo. Manda a m'bale wako akugumuka. Dothi lanyowa, amuna akakumba likugwera mkati. Tifunika kumanga na mabuloko m'mbali. Simenti ilipo, mabuloko alipo, mchenga kulibe." Asanayankhe, makiyi anali kale m'dzanja la Molly. "Tipa iyi lero ni yathu."

Chindikani anaseka kwambiri. "Tengani, mbuya! Koma ku dzenje langa msewu wafa na matope. Tikapita uko, Shadreck timuika mawa."

"Mtsinje uli apa pafupi. Matope uyafuna a chani?"

Iye ankadziwa bwino lomwe kuti chilolezo chake sichinkafika kumtsinje. Anayang'ana kukhonde kumene Zione, mkazi wa malemu, anakhala pakati pa amayi a mpingo, maso atatupa. Anayang'ananso kumwamba kumene mitambo inali itayamba kuda. Kenako anatambasula dzanja.

"Bweretsani makiyi. Tipa iyi siimvera dzanja la Mbemba. Niyendetsa neka."

Anamanga nthambi zaziwisi kutsogolo ndi kumbuyo monga amachitira ndi galimoto ya maliro. Amuna a mafosholo anakwera kumbuyo pamodzi ndi amayi angapo, Molly anakhala kutsogolo ngati bwana. Kumtsinje anadzaza msanga. Koma pobwerera, asanafike pa msewu wa tala, anapeza galimoto ya boma itapingasa panjira.

"Mchenga uyu mwautenga kuti?" anafunsa mkulu wa ogwira magalimotowo.

"Kumtsinje, bwana, koma ni wa manda."

"Aliyense amene timugwira ali na maliro. Wa dzulo anati akumanga tchalitchi." Mkuluyo anabwerera m'mbuyo pang'ono nawerenga mokweza zolembedwa pamphumi paja. "Mfumu ya Mchenga. Takhala tikukufunani, amfumu."

Molly anakalipa mpaka mbalame zinauluka m'mabango, koma sizinathandize. Tipa inapita kwa Hamusonde ili ndi mchenga wake, nthambi zake, ndi amayi akuimba pamwamba mpaka pageti. Shadreck anaikidwabe tsiku lomwelo. Mchenga unachokera m'makomo a m'Nangongwe, uyu ndowa, uyu wilibala, aliyense kutapa pa kamulu kake komangira.

Mlandu unalembedwa kuti Chindikani ankachita malonda a mchenga woletsedwa, ndipo a boma ankafuna kuti tipa ilandidwe.

"Loya wa pano ayi," analengeza Chindikani pamsika. "Ine nitenga wa ku Lusaka, wa suti ya mabatani atatu."

Anamupezadi, Humphrey Simasiku, munthu wonunkhira bwino amene ankalankhula ngati wailesi. Koma tsiku loyamba mboni ya boma inadwala, mlandu unaimitsidwa. Tsiku lachiwiri loyayo anali ndi mlandu wina ku Lusaka, unaimitsidwanso. Mvula inatha, udzu unayamba kuuma. Nthawi iliyonse woweruza akatchula tsiku lina, Chindikani ankaona m'maganizo tayala limodzi likugubuduka kutuluka m'yadi. Munthu amene anadutsa malire a mayiko atatu osagwedezeka tsopano ankazungulira njira yaitali kuti asadutse kuseri kwa mafakitale.

Pakhomo zinthu zinayamba kuchepa. Wailesi inapita. Jekete lachikopa linapitanso, mkazi wake Tinenenji analitengera kumsika osanena kuti wagulitsa kwa yani. Chindikani ankangokhala pakhonde, chete, ndipo anansi anayamba kufunsa ngati akudwala, poti kuchokera pamene anasamukira m'Nangongwe anali asanamuonepo atatseka pakamwa.

"Atate ake Prudence," anatero Tinenenji m'mawa wina, "mpando uwo watopa nanu. Pitani mukaione. Ngati yafa, muione na maso anu kuti yafa."

Anapita akukoka miyendo. Mlonda wa pageti, atamva dzina lake, anatsegula mofulumira modabwitsa naima patali. M'katimo magalimoto anali atandandalika ngati mafupa a ng'ombe: malole opanda miyendo, mavani opanda maso, ina itamera udzu mu injini. Chindikani anayenda akuyang'ana pansi. Atafika kumapeto anadzutsa mutu, ndipo anaima ngati wamenyedwa ndi nyesi.

Tipa inali chilili pa matayala ake onse. Nyali zinalipo, magalasi analipo, bokosi la batire lili chitsekere. Kutsogolo ndi kumbuyo kunali nthambi zaziwisi, zothyoledwa m'mawa womwewo. Pa galasi panali kansalu kakuda. Pansi, kuzungulira galimoto yonse, panali mzere woyera wa ufa. Pamwamba pa mchenga panali patamera udzu wofika m'chiuno. Ndipo pamthunzi wa tipayo panakhala amayi atatu akusenda nshawa, wapakati, Molly, atavala jekete lachikopa la ku Debeni dzuwa likuswa mtengo.

"Wabwera mwini maliro!" anafuula Molly. "Tinayesa unathawira ku Katete kukakumba mbewa."

"Ba Molly, ni chani ichi?"

"Maliro sanathe, kapolo. Mapoto tinabweza. Mabenchi tinabweza ku tchalitchi. Tenti tinabweza. Yatsala tipa. Ife tikatenga chinthu pa maliro tibweza chathunthu. Ufuna kwanu akaseke ati ambuya anabwereka galimoto n'kubweza chigoba?"

"Manje Hamusonde akulolani bwanji kulowa?"

"Angathamangitse azimayi oimba nyimbo za maliro? Ayese aone. Tibwera mosinthana m'mawa ulionse. Nthambi zatsopano, ufa watsopano, nyimbo imodzi, pemphero limodzi."

"Nanga ufa uwu?"

Molly anatsitsa mawu, koma mokwanira kuti mlonda uja amve. "Tinauza alonda kuti mchenga uwo ni wa Shadreck. Anaudikira, sanaulandire, akali kuudikira. Amene achotsa olo nati imodzi pa galimoto iyi apita naye Shadreck kunyumba kwake, akafotokozerane bwino. Ukaponda pa ufa phazi lioneka. Shadreck anali wa njanji uja, kulondola njira adziwa."

"Na imwe mukhulupirira zimenezo?"

"Ine nipemphera, iwe. Alonda ndiye akhulupirira."

Amayi aja anaseka mpaka nshawa zinatayika. Masiku amenewo ufa unali utakwera mtengo kotero kuti mabanja ambiri ankagula wa m'timapaketi tating'ono timene ankati pamela, wokwanira nshima ya tsiku limodzi. Chindikani anayang'ana mzere woyera uja, mmene unazungulirira galimoto yaikulu chonchija, naganiza za m'mawa uliwonse kuyambira nthawi ya mvula. Anafuna kunena kanthu kakakulu, kofanana ndi iye. Mawu onse amene anatola m'mayiko atatu anamuthawa.

"Zikomo, mbuya," anatero basi.

"Zikomo sitidya. Choka apo, ungaponde ufa wanga."

Tsiku la mlandu litayandikira, loya uja anabwera ku Kafue akumwetulira. Anakumana pa malo ena odyera pafupi ndi siteshoni ya sitima.

"A Sakala, napeza khomo lotulukira," anatero Humphrey akupukuta magalasi ake. "Aliyense amene anali pa maliro paja avomera kuti mzimayi uja anakulandani makiyi. Tizanena kuti galimoto inatengedwa popanda kufuna kwanu, gulu la anthu linakukakamizani. Mwini alibe mlandu. Tipa ituluka tsiku lomwelo."

"Nanga ba Molly?"

"Uyo azaona zake. Kutenga galimoto ya munthu mokakamiza ni mlandu, mwina miyezi ingapo mkati. Imwe mufuna tipa olo mufuna mzimayi wa salaula?"

"Tikapanda kunena choncho?"

"Penti ija izakuphani. Mfumu ya Mchenga, yagwidwa na mchenga wa kumtsinje. Za maliro mboni zanu zonse ni anzanu, khoti lizati mwapangana. Tipa ipita, a Sakala. Ganizani bwino."

Chindikani anafika kunyumba dzuwa likupendeka, nafotokozera mkazi wake zonse. Tinenenji anali akusita yunifomu ya Prudence ndi simbi ya makala, ndipo sanasiye kusita.

"Tipa ija ndiye munda wathu," anatero. "Ndiye penshoni yanu, ndiye sukulu ya mwana uyu. Ikapita sinidziwa tizadya chani. Chochita sinikuuzani."

"Ndiye ninene mmene akambira loya?"

"Nati sinikuuzani. Koma mukaimirira pa anthu n'kunena kuti mbuya anakuberani pa maliro, tsiku limene muzafa nizakumba neka manda anu. Palibe azabwera na fosholo."

Khoti linadzaza. Kumbuyo kunakhala amayi a pamsika, Molly ali pakati ndi jekete lake, Zione ali pambali atavala zakuda. Woweruza anali mayi wachikulire wa magalasi, wosaseka wamba. Mkulu uja wogwira magalimoto anapereka umboni wake, ndipo woimira boma anatchula mawu a pamphumi pa tipa katatu konse, akuwatafuna bwino.

Kenako Chindikani anaitanidwa. Humphrey anaimirira, nakonza mabatani a suti yake.

"A Sakala, uzani khoti. Makiyi a galimoto yanu munapereka mwa kufuna kwanu, kapena munalandidwa?"

Chindikani anatembenuka. Molly anali akukupiza mphepo ndi kansalu, thukuta lili kamukamu m'jekete lija, osadziwa n'komwe chimene funsolo linkatanthauza kwa iye. Pa nsapato zake panali ufa wa m'mawa umenewo.

Chifuwa cha Chindikani chinatukumuka ngati kale.

"Amayi oweruza, ine nayenda. Pa malire a dziko lina amuna anayi anafuna kunilanda makiyi awa, analephera. Ku doko la Debeni wina anabwera na mpeni, anabwerera alibe nsapato. Munthu wonilanda makiyi ine akalibe kubadwa! Ba Molly ni mbuya wanga. Anapempha mwa chimbuya, ninapereka nikuseka. Woyendetsa ninali ine. Kuti kumtsinje n'koletsedwa ninadziwa. Apo nalakwa, sinikana. Koma ngwee sininalandire. Mchenga uja unali wa manda a m'bale wanga."

Humphrey anakhala pansi pang'onopang'ono, naphimba nkhope ndi fayilo yake. Woimira boma anamwetulira ngati munthu amene wapatsidwa nyama popanda kusaka.

"Wavomera yekha," anatero. "Za mandazo ndi nthano ya masiku onse. Ndatsala ndi mboni imodzi yokha, yongotsimikiza kuti galimoto ndi katundu wake zili m'manja abwino."

Analowa Goodwell Hamusonde, chipewa chili m'manja, maso ali ofiira. Atangomaliza kulumbira sanadikire n'komwe funso.

"Amayi oweruza, napapata, ichotseni galimoto ija kwanga. Mupatse boma, mupatse mwini wake, muiponye mu mtsinje, ine zonse nivomera. Koma ichoke."

"Chifukwa chiyani, a Hamusonde?" anafunsa woweruza akumuyang'anira pamwamba pa magalasi.

"Alonda awiri anisiyira ntchito. Wachitatu afuna nimuwonjezere malipiro na kumugulira mafuta odzozedwa. Mkazi wanga salola nsapato za ku yadi kulowa m'nyumba. Ni galimoto ya maliro ija!"

Woimira boma anayesa kumudula. "Mboni ingoyankha zimene yafunsidwa."

"Musiyeni," anatero woweruza. "Ndi mboni yanu. A Hamusonde, mukudziwa bwanji kuti ndi ya maliro? Nthambi munthu akhoza kumanga pambuyo pake."

"Inalowa nazo pa geti yanga, amayi! Ninatsegula neka. Nthambi kutsogolo, nthambi kumbuyo, azimayi pamwamba akuimba za kumanda. Mwini wake uyu anatsika ali mbuu na ufa kuyambira kumutu mpaka ku nsapato, ngati nsomba yopita mu mafuta. Magalimoto a ogulitsa mchenga nasunga ambiri. Palibe anabwera na kwaya."

Khoti lonse linaphulika ndi kuseka. Molly anaimirira osaitanidwa.

"Ni zoona izo! Ndine ninamutuma kapolo uyu!"

"Mayi, khalani pansi. M'khoti muno mulibe kapolo." Woweruza analemba kwa kanthawi, ndipo amene anakhala kutsogolo amati anaona milomo yake ikunjenjemera pang'ono pobisa kuseka. Kenako anawerenga chigamulo. Gombe la mtsinje, anatero, limagumuka chimodzimodzi kaya wokumbayo akulira kaya akugulitsa, choncho Chindikani anali wolakwa ndipo alipire faindi. Koma kuti ankachita malonda, boma silinasonyeze, ndipo mboni ya boma yomwe yanena zosiyana. Tipa ibwerere kwa mwini wake, ndipo mchengawo ukatsitsidwe pamene unatengedwa.

Nthungululu za amayi zinamveka mpaka ku siteshoni. Faindi analipira Tinenenji ndi ndalama za chilimba, zosonkherana ndi amayi anzake, zimene anazisunga osauza munthu. Humphrey anagwira Chindikani chanza nati anachita mwayi, ndipo kwa zaka zambiri ankauza anzake ku Lusaka kuti njira imeneyo anaikonza ndi iye.

Ku yadi anapita gulu. Hamusonde anatulutsa makiyi kuti apereke kwa mwini wake, koma Molly anawatsomphola m'manja mwake.

"Ninatenga ine, nibweza ine." Anatembenukira kwa Chindikani. "Zungulira uone, kapolo. Werenga matayala ako. Mawa usazakambe ati Abemba anadya limodzi."

Chindikani anazungulira, akugwira tayala lililonse ngati akupereka moni kwa abale. Atakwera n'kupotokola kiyi, injini inangoti kwee, n'kukhala chete. Batire inalipo koma inali itagona nthawi yaitali. Hamusonde sanadikire kupemphedwa. Anathamanga yekha kukatenga galimoto yake ndi mawaya, thukuta likuyenderera, akupemphera chamumtima. Ulendo wachiwiri tipa inatsokomola, inalavula utsi wakuda, kenako inabangula mpaka malata a mpanda ananjenjemera.

Kumtsinje, mkulu wa boma uja akuonerera, Chindikani anakweza bodi ya kumbuyo kwa tipa ndipo mchenga unatsetsereka pamodzi ndi udzu wake kubwerera pagombe. Molly anamasula nthambi ndi kansalu kakuda kaja napereka kwa Zione.

"Manje maliro atha," anatero. "Mwamuna wako agone."

Zione anagwada pang'ono, nagwira manja a Molly, kenako a Chindikani.

Pobwerera Chindikani anafunsa, maso ali pamsewu. "Mbuya, amene munali kusinthana pa yadi paja munali angati?"

"Na ine, asanu na anayi. Ufunsira chani? Ufuna kutikwatira tonse?"

Chindikani anangoseka, nasunga nambalayo m'mutu. M'mawa mwake, anthu ofuna mchenga wogula anamudikira pamsika osamuona. Msewu wa ku dzenje lake unali utauma. Anapita, nadzaza, nakatsitsa pakhomo pa Elina wogulitsa tomato, mmodzi mwa amayi osinthana pa yadi aja, amene maziko a chipinda chake anali atamera thengo. Anabwerera, nadzazanso, nakatsitsa kwa Dainess wa vitumbuwa. Anachita choncho khomo ndi khomo, dizilo akuchita kukongola, osalandira ntchito ya munthu aliyense mpaka mayi womaliza atalandira mulu wake. Ena anamanga, ena anagulitsa pa mawilibala n'kulipirira ana sukulu. Nangongwe yonse inayera ndi milu ya mchenga.

Kwa Molly anafika pomaliza. Mayiyo anatuluka, natapa mchenga m'dzanja, naufikisa ndi zala ngati akusankha nsalu.

"Uli na miyala. Koma kwa wodya mbewa, wayesa. Ina ija ubweretsa liti?"

"Ina iti? Aliyense imodzi!"

"Iyi ni ya ulonda. Nanga ufa wanga?"

"Nanga jekete yanga?"

"Jekete ninagula, kafunse mkazi wako. Pita, dzuwa likali."

Chindikani anapita, akuseka yekha m'galimoto msewu wonse, ndipo ulendo umenewo anadzaza mpaka mchenga unkatayikira m'mbali.

Pa mulu wa mabuloko paja Moses anapukusa mutu nkhani itatha.

"Ndiye munalipira ndithu, bakamba. Muja munati olo ngwee."

"Alonda ninati! Mvera bwino, iwe." Chindikani anapukuta fumbi pa galasi ndi mkono wa malaya ake, ndipo mawu ake anatsika. "Ambuya ninalipira, ndipo nikakumbukira niona ngati ninawabera. Matipa khumi, Moses. Odzaza."